Mwana wanga wakana kuti ndikamupereke pa ukwati wake

Azakhali,

Nthawi ili 2 koloko usiku, tulo tandithawa. Ndine bambo wa zaka 54 wa ku Ndirande. Zisudzo ndinaziyambira pa mpikisano wa ATEM ndili kusekondale, kenaka ndinkasewera Lamulungu masana ku French Cultural Centre mpaka pomwe anaitseka mu 2011. Dzina langa musalilembe. Mukaona filimu ya kuno kwathu muli mfiti, sing'anga wabodza, kapena malume wolanda chuma cha masiye, kawirikawiri ndimakhala ine. Mbali ya mwininkhani sanandipatsepo. Akuti nkhope yanga ndi yolusa.

Mwana wanga wamkazi akukwatiwa mwezi wamawa. Lamulungu lathali wandiuza, maso ali pansi, kuti kutchalitchi akamupereka ndi atsibweni ake. Akuti mayi a mwamunayo ananena pa chinkhoswe kuti munthu sangamasewere ufiti mokhoza chonchija ngati kutamba sakudziwa. Ndiye mwanayo sakufuna manong'onong'o pa tsiku lake.

Atsibweni akewo ndi mlamu wanga amene sanaperekepo ngakhale 1 tambala ya fizi. Yemweyo anandibwereka jekete chaka chatha popita ku ukwati ku Zomba, nkulibweza litapsa ndi ayironi pamkono, osapepesa. Jeketelo ndi lomwe ndimavala ndikamasewera ngati mfumu. Lero iyeyo ndiye bambo?

Fizi ya mwanayu inachokera ku ufiti womwewo wa pakanema. Kudzuka m'bandakucha, minibasi mpaka ku Chiradzulu, kukhala padzuwa tsiku lonse kudikira kuti uyankhule mizere iwiri, madzulo akupatse ya thiransipoti yokha ati zotsalazo filimu ikatuluka. Wina mpaka pano sanandilipire, koma pa Facebook amanditcha mkhalakale.

Sindikuti ndilibe zolakwa. Ntchito ya uphunzitsi inandithera pa zifukwa zomwe sindinena pano, ndipo panali zaka zomwe pakhomo sindinkaonekaoneka. Mwina mwanayu akubisala kumbuyo kwa apongozi akewo, nkhani yeniyeni ili kwina. Mayi ake a mwanayu sakundithandiza. Tikangosemphana pang'ono amandikumbutsa kuti anzanga a Manganya anafika pokhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko mu 2024, ine ndikadali kuvala zikopa ndi mikanda. Chomwe sakudziwa nchakuti ndalama zomwe ndasonkha za ukwatiwu ndi za katapila.

Tsopano andiimbira kuti pali filimu ina, mbali yake yomweyo ya mfiti, kujambula sabata imodzi ukwati usanachitike. Ndalama yake ikhoza kutseka ngongoleyo. Koma ndili ndi mantha. Ana a m'dera lathu ayamba kundikuwiza pamsewu, ndipo mukudziwa zomwe zimachitikira okalamba m'dziko muno akangowatchula ufiti.

Ndivomere kapena ndikane? Nditume ankhoswe kwa asewere angawo, kapena ndiye ndiononga banja la mwana lisanayambe? Za ngongole ndiwauze mayi ake liti? Nanga tsikulo ndipite ndikakhale pabenchi ngati mlendo? Ndinkamunyamula paphewa popita naye kokonzekera masewero, iye nkumaloweza mawu anga ine ndisanawagwire. Polankhula Lamulungu lija sanandiyang'ane ngakhale kamodzi.

Bambo wa ku Ndirande,
Blantyre