Lipoti la nthumwi: Mike Moore ndi mlandu wa fodya ku Mississippi

A Wapampando ndi mamembala nonse,

Ku msonkhano wa zamalamulo ndi zaumoyo komwe munatituma, nkhani yomwe tinaitsata kwambiri inali ya Mike Moore, loya wamkulu wa boma m'chigawo cha Mississippi ku America kuyambira 1988 mpaka 2004. Asanakwere pa mpandowu ankaimira boma pa milandu ku Jackson County. Ku Mississippi loya wamkulu amachita kuvoteredwa ndi anthu, sasankhidwa ndi mtsogoleri ngati kwathu kuno, choncho sayendera zofuna za bwanamkubwa.

Mu 1994 Moore anasumira makampani 13 a fodya. Kwa zaka zambiri anthu osuta ankasuma paokha n'kumagonja, chifukwa makampani ankangoyankha kuti munthu anasuta mwakufuna kwake, chenjezo lili papaketi. Moore anasintha wodandaula. Anati wosuma ndi boma, lomwe silinasutepo ndudu koma limalipira zipatala kudzera mu Medicaid, thumba lothandiza odwala osauka. Yankho lakale lija linatha mphamvu pomwepo.

Anasankhanso bwalo mosamala. Mlandu anaupititsa ku bwalo la Chancery Court mumzinda wa Pascagoula, komwe amagamula ndi woweruza yekha popanda gulu la anthu wamba, amene ambiri ankaona kuti wosuta anadziputira yekha. Ife tikuona kuti mlanduwu unapambanira pa mfundo ziwirizi.

Bwanamkubwa Kirk Fordice anathamangira kukhoti kuti mlandu uimitsidwe, koma bwalo lalikulu la chigawocho linamukanira mu 1997. Chaka chomwecho makampani anavomera kulipira Mississippi madola oposa 3 biliyoni pa zaka 25. Mu Novembala 1998 zigawo zina 46 zinagwirizana ndi makampani a fodya a Philip Morris, R.J. Reynolds, Brown & Williamson ndi Lorillard pa ndalama pafupifupi madola 206 biliyoni, komanso kuletsa zikwangwani zotsatsa ndudu ndi zithunzi za katuni zokopa ana.

Zina sizinayende. Mgwirizano woyamba wa dziko lonse, wa madola 368.5 biliyoni mu 1997, unkafunika kuvomerezedwa ndi nyumba ya malamulo ku Washington ndipo unafera komweko. Chomwe chinatipweteka mtima kwambiri n'chakuti mgwirizano wa 1998 sunalamule ntchito ya ndalamazo, moti zigawo zambiri zinatsekera mipata ya bajeti m'malo mothandiza anthu kusiya fodya. Ku Mississippi komweko, bungwe lolimbana ndi kusuta fodya la Partnership for a Healthy Mississippi linkalandira madola 20 miliyoni pachaka kuchokera ku makampani a fodya aja, koma bwanamkubwa Haley Barbour anatsutsa, ndipo mu 2006 khoti linaimitsa ndalamazo ponena kuti mphamvu yogawa chuma cha boma ili ndi aphungu.

Tikupempha komiti kuti pa msonkhano wathu wotsatira ipatule nthawi yokambirana mfundo yomalizayi: ndalama zachipepeso zomwe boma lapata kukhoti zingatetezedwe bwanji ndi lamulo lodutsa kwa aphungu zisanafike m'thumba lalikulu la boma.

Ndife nthumwi zanu.