Mariska Hargitay si "mwana wapathengo", konzani mutu wa nkhani uja

A Mkonzi,

Nkhani ya Mariska Hargitay yomwe munatulutsa Loweruka lapitali pa tsamba la zamsangulutso yandisowetsa mtendere. Ndinaibwereza katatu poganiza kuti mwina maso andinamiza, koma mawuwo alipodi, m'zilembo zikuluzikulu pamwamba pa chithunzi chake: mwana wapathengo. Mayi wobadwa mu 1964, amene wakhala pa kanema ngati wapolisi Olivia Benson mu sewero la Law & Order: SVU kuyambira 1999, dzina lomwe mwamupezera n'limenelo? Mlembi wanu anafufuza moyo wonse wa munthuyu, n'kutolamo chimenechi basi? Ndipo mu ofesi yonseyo panalibe ndi mmodzi yemwe woti anene kuti taimani kaye, anzanga?

Mawu amenewo kwathu kuno tonse tikuwadziwa kulemera kwake. Ndi mawu omwe ana amalizana nawo kusukulu. Ndi mawu omwe amatuluka pamaliro, achibale akayamba kulimbirana chuma cha masiye, pofuna kuti wina achoke chimanjamanja. Munthu wamkulu sawatchula pagulu. Inu mwawasindikiza, mwawaikanso pa Facebook kuti anthu aziseka m'munsimo, ndipo asekadi.

Chondipweteka kwambiri n'chakuti nkhaniyi simunaivumbulule ndinu. Anaiulula yekha mwini wake mu My Mom Jayne, filimu ya zochitika zenizeni yomwe anaiwongolera yekha, imene inaonetsedwa pa chikondwerero cha mafilimu cha Cannes ku France mu 2025 isanatuluke pa kanema ya ku America ya HBO. Mmenemo ndi momwe ananena kuti bambo womubereka ndi woimba Nelson Sardelli, osati Mickey Hargitay amene anamulera. Anazidziwa ali ndi zaka za m'ma 20, nazisunga mumtima zaka zoposa 30 polemekeza Mickey, yemwe anamwalira mu 2006 ndipo mpaka lero amamutcha bambo ake. Munthu wapirira zaka zonsezo kuti adzafotokoze ndi pakamwa pake mwaulemu, inu mwangotola chiganizo chimodzi n'kuchisandutsa miseche ya pachitsime.

Kodi mlembi wanuyo filimuyo anaionera n'komwe? Ndikukayika. Akanaionera akanadziwa kuti mutu wake ndi mwana wofunafuna mayi amene sakuwakumbukira. Mayi akewo, katswiri wa mafilimu Jayne Mansfield, anafa pa ngozi ya galimoto pa 29 June 1967, pamsewu wopita ku New Orleans, ali ndi zaka 34 zokha. Mariska anali m'galimoto momwemo, pampando wakumbuyo ndi alongo ake awiri, ali ndi zaka 3. Anakula osadziwa fungo la mayi ake, koma dziko lonse lili ndi zithunzi zawo. Ndipo zithunzizo zinali zotani? Manyuzipepala a nthawi imeneyo ankangolemba za thupi la Jayne, za tsitsi lake, za amuna ake, n'kumamutenga ngati chitsiru chokongola, pomwe anali mayi wodziwa kuimba vayolini ndi piyano. Filimu yonse ikulimbana ndi zimenezo, mwana akuchotsa matope omwe atolankhani anapaka mayi ake. Ndiye inu mwabwera patapita zaka pafupifupi 60, mwatenga matope omwewo, mwapaka mwanayo. Zimenezi ndi zomwe zandiwawa, a Mkonzi.

Komanso nkhani yanuyo inalemba ngati kuti Mariska wangoyamba dzulo kupanga mafilimu otere, ngati wotopa ndi sewero amene akufuna kutchukanso. Mwaiwala I Am Evidence ya 2017, yomwe iye anali mmodzi mwa oikonza? Munthu akagwiriridwa ku America, achipatala amatenga umboni pathupi pake ndi pazovala zake, n'kuuika m'kabokosi koti kakayezedwe DNA. Mu 2009, mumzinda wa Detroit munapezeka timabokosi totere toposa 11,000 titaunjikidwa m'nyumba yosungiramo katundu wa apolisi, tambirimbiri tosayezedwa. Kabokosi kalikonse ndi munthu amene analimba mtima, navula pamaso pa dokotala ali ndi ululu, akukhulupirira kuti boma lichitapo kanthu. Woimira boma pamilandu kumeneko, Kym Worthy, anamenya nkhondo kuti tiyezedwe, ndipo titayezedwa panapezeka amuna mazanamazana amene anagwiririra anthu kangapo. Filimu ija inaika zimenezi poyera, inapatsa amayiwo mpata wolankhula okha, ndipo inapata mphotho ya Emmy. Bungwe lake la Joyful Heart Foundation Mariska analiyambitsa mu 2004 chifukwa cha makalata omwe oonera Law & Order: SVU ankamulembera, kumuuza nkhanza zomwe sanauzepo munthu wina aliyense. Mu 2024 iye mwini analemba kuti nayenso anagwiriridwapo ndi munthu amene ankamuyesa mnzake. Pa zonsezi nkhani yanu inalibe ngakhale mzere umodzi. Malo analipo a chithunzi chachikulu cha mayi ake atavala zosambira, koma a izi munalibe.

Ndisabise, khalidweli silinayambire pa Mariska. Ndakhala ndikuwerenga tsamba limeneli kwa zaka zambiri, ndipo mkazi wa luso akalowamo timadziwiratu zomwe tipezemo: wavala chiyani, wanenepa kapena waonda, akuyenda ndi ndani, banja latha liti. Mwamuna akatulutsa chimbale mumamufunsa za nyimbo zake ndi komwe anajambulira. Mkazi akatulutsa sewero mumamufunsa ngati apongozi ake akusangalala nazo. Atsikana athu amene akuphunzira kugwira kamera ndi kulemba masewero amawerenga zimenezi, ndipo akuona kuti ngakhale atagwira ntchito yotani, tsiku lomwe adzalowe m'nyuzipepala ndi tsiku lomwe zakuchipinda kwawo zidzamveke. Kenaka tizidabwa kuti bwanji mafilimu ofotokoza za moyo wathu akupangidwa ndi alendo?

Malamulo a utolankhani a Media Council of Malawi amanena za kulemba zoona, mosakondera, ndi kulemekeza anthu omwe mukuwalemba. Sindinamvepo kuti tsamba la zamsangulutso linapatulidwa pa malamulo amenewo, kapena kuti munthu akakhala kutali ku New York ndiye kuti ulemu wake watha. Mariska kalatayi sadzaiwerenga, nkhani yanunso sadzaiona. Koma mwana wa kuno amene akuleredwa ndi bambo womupeza waiona, ndipo wamva dzina lomwe nyuzipepala yamupatsa.

Chotsani mutu umenewo pa intaneti ndipo mupepese m'kope lotsatira, pamalo ooneka, osati m'kangodya ka pansi pa malonda. Mlembiyo mumuuze aonere mafilimu onse awiri asanalembenso. Ndipo ngati mukufunadi nkhani yochokera pa moyo wa mayiyu, tumani mtolankhani ku Victim Support Unit ya polisi ndi ku One Stop Centre ya chipatala, akafunse kuti umboni wa munthu wogwiriridwa kuno umasungidwa bwanji, umayezedwa kuti, ndipo umatenga nthawi yaitali bwanji kuti ufike kukhoti. Nkhani imeneyo ndidzagula makope awiri.

Wowerenga wanu wa nthawi yaitali,
Zomba