Za ndalama zija unapereka pamanja

Mnzanga wokondedwa,

Kalata yako ndinailandira ndipo ndinaiwerenga kawiri usiku womwewo. Zandiwawa kumva kuti mwini nyumba uja watembenuka, akukana kusayina zikalata zosinthira umwini chonsecho ndalama zambiri analandira kale. Ndikudziwa mmene wadzimanira zaka zonsezi, kutali ndi abale, kuti udzapeze pogoneka mutu. Kuno tonse tili bwino, ana akupereka moni.

Chimene ukufuna kukapempha kukhoti maloya amachitcha specific performance. Sukufuna kubwezeredwa ndalama, ukufuna khoti limukakamize kuti akupatse nyumba imene analonjeza. Pa nkhani za malo ndi nyumba makhoti amamva pempho lotere, chifukwa malo aliwonse ndi apaokha, ndalama sizingakugulire ena ofanana nawo ndendende. Koma woweruza sangolamula. Amayamba waona ngati iweyo unachita mbali yako. Pangano lolembedwa uli nalo, ndipo ndathokoza, poti m'maiko ambiri otsatira malamulo a ku England, kuchokera pa lamulo lawo la 1677, kugulitsana malo kumafuna chikalata chosayinidwa. Nkhawa yanga ili pa malipiro.

Kukhoti, wonena ndiye amabweretsa umboni. Iwe ukati "ndinalipira", iye n'kuti "sindinalandire", mtolo wonse uli pamutu pako. Mwayi wake ndi woti uwu si mlandu waupandu. Sukuyenera kuchotsa chikaiko chonse, koma kuonetsa kuti nkhani yako ndiyo ikuoneka yoona kuposa yake.

Wati unalipira katatu. Kawiri kaja ka kubanki sikakundisowetsa tulo. Ingopempha banki ikupatse sitetimenti yodindidwa, usadalire zithunzi za pafoni zokha. Uonetsetse dzina la akaunti imene inalandira. Ngati ndi ya mkazi wake kapena ya mkhalapakati uja, funafuna uthenga umene iye mwini anakuuza kuti utumize kumeneko, apo ayi adzati ndalamazo sizinamufike. Uonenso zimene unalemba potumiza. Pakapanda mawu otchula nyumbayo, munthu wokhota mtima atha kunena kuti unkamubwezera ngongole ina.

Tsono zija unamupatsa pamanja, popanda lisiti. Mnzanga, apa ndiye pondiliza, chifukwa inenso ndinapsapo. Ndinapereka dipoziti ya malo m'envulopu, tikuseka, tikugwirana chanza. Patapita chaka munthuyo anandiyang'ana m'maso n'kunena kuti sakukumbukira. Sindikufuna uone zimenezo.

Usataye mtima, umboni umatoleredwa pang'onopang'ono. Ngati unatapa ndalamazo kubanki tsiku lomwelo kapena dzulo lake, sitetimenti idzaonetsa tsiku ndi kuchuluka kwake. Payokha siikwanira, chifukwa imangonena kuti ndalama zinatuluka, osati kumene zinapita, koma ikaphatikana ndi mboni imalemera. Werenganso pangano lanu mzere ndi mzere. Mapangano ambiri amakhala ndi mawu oti wogulitsa akuvomera kuti walandira ndalama zakutizakuti, ndipo ngati anasayina pansi pa mawu otero, adzavutika kudzikana. Mauthenga a pa WhatsApp usafufute ngakhale umodzi, foniyo usagulitse kapena kusintha. Kamawu kakang'ono ngati "zikomo, zatsala zochepa" kangakupulumutse. Makiyi aja anakupatsa liti? Ngati n'pambuyo pa malipiro achitatuwo, umuuze loya wako, pakuti munthu sapereka makiyi asanaone kanthu.

Ndikukupempha, usamuimbire foni uli ndi mkwiyo. Loya amulembere kalata yotchula malipiro onse atatu, masiku ake ndi ndalama zotsala. Akayankha n'kungotsutsa zina, wavomera kanthu kena.

Zotsalazo usazigwiritse ntchito ina. Khoti lidzafuna kuona kuti unali wokonzeka kumaliza kulipira ndipo ukadali wokonzeka. Zisungidwe ku akaunti ya loya, kapena iye apemphe kuti zikasungidwe kukhoti. Umufunsenso mofulumira za kuika chenjezo ku ofesi yolembetsa malo, chifukwa nyumbayo ikagulitsidwa kwa munthu wina wosadziwa za pangano lanu, kuitenganso kumavuta kwambiri. Kuchedwa nakonso kumaononga mlandu, woweruza amafunsa chimene unakhalira chete.

Unanena kuti mlamu wako analipo tsiku lija unapereka ndalama pamanja. Loweruka likubwerali ndipita ndikamuone, ndikamupemphe alembe zimene akukumbukira zisanayambe kusokonekera m'mutu: tsiku, malo, amene anawerenga ndalamazo. Iwe unditumizire masiku atatuwo sabata ino, ndi chithunzi cha tsamba lomaliza la pangano.

Ndine mnzako wa nthawi zonse.