Za McCaffrey munafunsa zija

Charlotte, Ogasiti 2025

Amwene,

Ndikhulupilira muli bho ku Leeds konko, alamu ndi ana omwe. Kuno tilipo, kungoti kukutentha koopsa mwezi uno, ukangotuluka panja malaya anyowa kale. Voice note yanu ndinaimva koma ndinaona kuti ndikayankha pakamwa ndizingodumphadumpha, bola ndikhale pansi ndilembe. Nde mwati anzanu akuntchito akulowetsani mu fantasy ya NFL (ligi ya mpira wa ku America), masewero aja oti aliyense amasankha osewera enieni nkumapeza mapointi malinga ndi m'mene asewerera, draft yosankhira osewerawo ndi kumapeto kwa mwezi uno, ndipo wina wakuuzani kuti musayerekeze dala kutenga Christian McCaffrey chifukwa ndi munthu wongokhalira kuvulala. Ndinayamba ndaseka kaye, inu amene munkati mpira wa kuno ndi ndewu ya anthu ovala zipewa lero mukufunsa za running back, aaa dziko likuyendadi.

Mnzanuyo sananame koma wakuuzani theka lokha. Muyambe mwamvetsa ntchito imene munthuyu amagwira. Running back ndi uja amaima kumbuyo kapena pambali pa quarterback (woponya mpira amene amatsogolera timu ikamaukira), amamupatsa mpira m'manja nkuthamanga nawo kulowera komwe kuli chigulu cha anthu. Akagwira mpira, pokhapokha atagoletsa kapena atatulukira kunja kwa mzere, mathero ake nkugwetsedwa basi. Iyeyu amalemera cha m'ma 95 kg, amene amamugwerawo ena ndi a 130 ena 140, ndipo nthawi zambiri samabwera m'modzi, wina wagwira mwendo wina akubwera kumtunda. Olo play yoti mpira sanapatsidwe pena amamuuza atchinge linebacker, wotchinga wa timu inayo, amene akubwera pa liwiro kudzagwetsa quarterback. Mwa ma position onse imeneyi ndi imene imadya thupi mwachangu.

Chimene anthu amaiwala nchoti zaka zitatu zake zoyamba McCaffrey sanajombepo gemu olo imodzi. Carolina Panthers inamutenga kuchokera ku yunivesite ya Stanford pa nambala 8 mu draft ya 2017 (iyi ndi ya matimu enieni posankha anyamata a ku koleji), nkusewera magemu 16 mu 2017, 16 mu 2018, 16 mu 2019. Chaka cha 2019 chimenecho anathamanga mayadi 1,387 nkuwonjezera 1,005 a mipira yowakha, munthu wachitatu m'mbiri ya NFL kupyola 1,000 mbali zonse ziwiri sizoni imodzi, enawo ndi Roger Craig ndi Marshall Faulk. Kuno ku Charlotte jezi ya nambala 22 inali paliponse, ana kusukulu, azimayi mu shopu, olo anthu oti mpira saudziwa. Koma nambala imene ine ndimafuna muigwire si ya mayadi ayi, ndi iyi: 403. Anagwira mpira ka 403 chaka chimenecho, 287 kupatsidwa m'manja, 116 kuwakha. Timu inalibe china chodalira, quarterback wawo Cam Newton anali atavulala, nde chilichonse kunali kungomupatsa iyeyu. Mu Epulo 2020 anamupatsa kontrakiti ya zaka zinayi ya madola 64 miliyoni, running back wolandira ndalama zambiri kuposa onse nthawi imeneyo.

Kenako zinangoyamba kugwa motsatizana. Gemu yachiwiri ya 2020, ku Tampa Bay, anabinya kakolo, koma osati kubinya wamba kuja timapanga pa bolo ya m'dera mawa lake nkuseweranso. Kumeneku amati high ankle sprain, imavulala ndi mitsempha imene imamanga mafupa awiri a mwendo pamwamba pa kakolo, phazi limakhala lakanilira pansi thupi nkupotokera kwina. Imachedwa kupola, ndipo kwa munthu amene ntchito yake nkuponda nkukhota mwadzidzidzi ndi yoipa kwambiri. Anajomba magemu 6. Atabwera, ku Kansas City, anasewera ngati sanavulalepo, mayadi 151 ma touchdown (zigoli za mpira wa kunowu) awiri, koma kumapeto kwenikweni kwa gemu anagwera phewa. Phewa lisanathe anakokanso mnofu wa ntchafu. Sizoni yonse anasewera magemu 3 okha, ngakhale m'magemu atatuwo anagoletsa ka 6, apa nde pamene munthuyu amapwetekera mutu, akakhalapo palibe wofanana naye.

2021 ndimaikumbukira bwino chifukwa tauni yonse inali itayamba kulota. Panthers inawina magemu atatu oyamba. Yachitatuyo inali ya Lachinayi usiku ku Houston, atangosewera kumene Lamulungu, thupi lisanapume nkomwe. Akuthamangira chakumphepete kwa bwalo, popanda womugunda, munthu anangosintha kaponde, ngati wadumpha kanthu, nkutuluka yekha. Hamstring, mnofu wa kuseli kwa ntchafu. Magemu 5 kunja. Anabweranso, nkusewera pang'ono, kumapeto kwa Novembala ku Miami kakolo kachiwiri, sizoni yathera pompo. Magemu 7. Timu ija inayamba ndi 3-0 inamaliza 5-12, kuwina 5 kuluza 12. Mukawerengera zaka ziwirizo, pa magemu 33 anasewera 10, anajomba 23. Mbiri imene mnzanuyo akunena inayambira pamenepo, ndipo anthu pa wailesi kuno ankamunyoza zedi, ati wadya ndalama nkukhala pansi.

Mu Okutobala 2022 Panthers inachotsa kochi Matt Rhule, patangotha masiku 10 nkugulitsa McCaffrey ku San Francisco 49ers posinthana ndi ma pick anayi a draft (mwayi wosankha osewera atsopano anayi). Ambiri kuno ankati tapulumuka, awatengere mavutowo. Eee. Munthu uja anasewera magemu 17 chaka chimenecho, 6 kuno 11 uko, ndipo gemu yake yachiwiri ndi 49ers, yolimbana ndi Rams, anaponya touchdown, nkuwakha ina, nkuthamanga ina, gemu imodzi. 2023 nde anaposa onse mu ligi, mayadi othamanga 1,459, ma touchdown 21, anamupatsa Offensive Player of the Year, timu inafika mpaka pa Super Bowl, fainolo ya ligi, ku Las Vegas komwe inaluza kwa Chiefs 25-22 mu overtime. Zinali zowawa kuonera muli ku Charlotte, ndisaname.

Pali kankhani kena kosangalatsa apa, kochi wa 49ers Kyle Shanahan ndi mwana wa Mike Shanahan amene anali kochi wa bambo ake a McCaffrey, a Ed McCaffrey, ku Denver Broncos. Nde mabanja awiriwa anadziwana kalekale. Koma kudziwana sikunapangitse Kyle kumumvera chisoni, chaka cha 2023 anagwira mpira ka 339, kuphatikiza ma playoff zinapyola 400. Mwaionanso nambala ija eti.

Chimene chinatsatira mukuchidziwa kale pang'ono. Ogasiti 2024 anangoti ali ndi vuto la katumba, si zazikulu, apuma preseason yokha, magemu okonzekera aja. Mpaka sabata ya gemu yoyamba iye mwini ankanena kuti asewera. Gemuyo inali ya Lolemba usiku ndi New York Jets, yomaliza ya sabata imeneyo, ndipo kutangotsala ola ndi theka kuti iyambe mpamene analengeza kuti McCaffrey sasewera. Tangoganizani, anthu ambirimbiri a fantasy anali atamutenga nambala 1, magemu ena onse atatha kale, wolowetsa m'malo mwake palibe. Jordan Mason amene analowa anathamanga mayadi 147, nde atamufunsa gemu itatha anatulutsa pakamwa kuti anamuuza Lachisanu kuti ayamba ndi iyeyo, kunali phokoso sabata yonse kuti timu inabisa dala. Patapita masiku ochepa McCaffrey anamuika pa injured reserve, komwe munthu akalowa amayenera kujomba magemu osachepera anayi, kenako tinamva kuti vuto ndi mtsempha wa Achilles, uja wa kuseli kwa chidendene, watupa miyendo yonse iwiri, mpaka anakwera ndege kupita ku Germany kukaonana ndi dokotala wa zimenezo. Magemu 8 oyamba onse anajomba.

Anabwera mu Novembala, osaoneka bwino kwenikweni, liwiro lija kulibe. Pa 1 Disembala ku Buffalo, sinowo ikugwa mpaka mizere ya bwalo osaoneka, mpamene anayamba kuoneka ngati wakale uja, akudutsa anthu bwinobwino. Nde pa kuthamanga kwina wina anamukola phazi nkugwera bondo pansi mwamphamvu. Anadzuka, anapitiliza. Atamuponyeranso mpira chakumbali anangoponda kamodzi kawiri nkudzigwetsa yekha mu sinowo, palibe anamukhudza, kenako nkumatsimphina kulowera kuchipinda. Running back akadzigwetsa yekha chonchija umangodziwa kuti basi. Unali mtsempha wa m'kati mwa bondo umene amautcha PCL. Mason nayenso anabinya kakolo gemu yomweyo, Bills inawina 35-10, ndipo 49ers inamaliza 6-11. McCaffrey sizoni yonse magemu 4, touchdown olo imodzi.

Tsopano maganizo anga ndi awa amwene. Kuvulala kwa munthuyu kulipo kwa mitundu iwiri ndipo anthu amangokusakaniza. Kakolo ka ku Tampa, phewa la ku Kansas City, bondo la ku Buffalo, zimenezo ndi ngozi, aliyense wogwetsedwa kambirimbiri chonchija tsiku lina adzagwa moipa. Lamulungu lomwelo limene McCaffrey anabinya kakolo mu 2020, Saquon Barkley anaduka mtsempha wa m'bondo wotchedwa ACL ku Chicago, anthu anamuika m'gulu la otha ntchito, koma chaka chathachi wathamanga mayadi 2,005 nkutenga Super Bowl ndi Philadelphia Eagles. Zimene zimandiopsa ine ndi zinazo, hamstring, ntchafu, katumba, Achilles, zobwera popanda wokugunda. Kumeneko nkutopa kwa thupi, ndipo mukaona bwino kumabwera pambuyo pa zaka zimene anamukweza katundu wambiri. Zili ngati minibasi imene imabweretsa ndalama zambiri kwa bwana, ndi yomweyo imene samaipumitsa, mpaka tsiku lina imangokhala pansi pakati pa msewu anthu nkumati galimoto imeneyi ndi yovutavuta. Olo Derrick Henry, chimunthu chija cha ma 110 kg, atathamanga ndi mpira ka 378 mu 2020, chaka chotsatira fupa la phazi linathyoka nkujomba theka la sizoni.

Ndipo matimu amadziwa zimenezi, musaganize kuti ndi ngozi. Mnyamata akachoka ku koleji kontrakiti yake yoyamba imakhala ya zaka zinayi ndalama zake zoikika kale, nde amamugwiritsa ntchito zaka zimene ali wamphamvu komanso wotchipa, ikafika nthawi yoti alandire zenizeni amati wakalamba. Todd Gurley anasaina kontrakiti yaikulu ndi Rams mu 2018, bondo linayamba kuvuta, mu Malichi 2020 anamuchotsa, anasewera chaka chimodzi ku Atlanta nkutha ali ndi zaka 26 zokha. Mu 2023 ma running back akuluakulu anachita kukumana pa Zoom kudandaula za malipiro. Nchifukwa chake ine sindimamuda McCaffrey kuti anakana kusewera gemu yake yomaliza ya ku koleji, Sun Bowl ya 2016, poopa kuvulala draft isanafike. Anamunena kwambiri nthawi imeneyo koma mnyamata wa zaka 20 anawerengera bwino, bambo ake omwe anathyokapo mwendo pabwalo mu 2001 iye ali kamwana.

Nde mumutenge kapena ayi? Ine ndikanakhala inu ndikanamutenga, koma osati ngati muli ndi pick yoyamba kapena yachiwiri, apo pali anyamata ang'onoang'ono ngati Bijan Robinson oti mtima sungamagunde sabata iliyonse. Akakupezani chakumapeto kwa round yoyamba musazengereze. Chifukwa changa nchoti chaka chatha anagwira mpira ka 65 kokha, thupi lapuma kwa nthawi yoyamba chichokereni kuno, bondo lija silinafune opaleshoni, ndipo mapulakatisi a timu miyezi yapitayi wakhala akupanga nawo. Choopsa nchoti wakwanitsa zaka 29 mu Juni, kwa running back umenewo ndi ukalamba, komanso Achilles ikayamba kuvuta siipereka chenjezo. Shanahan naye sasintha, akaona kuti munthu ali bwino amupatsanso mpira mpaka kalekale, kwa inu a fantasy zimenezo ndi mapointi koma mudziwe kuti ngongole yake idzabwera.

Mukamutenga mutengenso womulowa m'malo ku 49ers komweko chakumapeto kwa draft, Mason anapita ku Minnesota nde muyang'ane amene ali wachiwiri pa tsiku la draft yanuyo. Muzionanso injury report ya Lachisanu, akalemba out ndekuti sasewera, doubtful nayo muziitenga ngati out, yovuta ndi questionable chifukwa imatha kupita kulikonse. Mndandanda wa osasewera umatuluka kutatsala mphindi 90 kuti gemu iyambe. 49ers ndi ya kuzambwe, magemu ake ambiri kwanu uko aziyamba cha m'ma 9 koloko usiku, a Lolemba nde cha m'ma 1 m'bandakucha, ndekuti mndandandawo uzituluka cha m'ma 11:45 usiku, muzitchera alamu ya pafoni ngati muli pa shift ya m'mawa.

Mundiuze pick imene mwapeza draft isanachitike tione limodzi. Mupereke moni kwa alamu, ndipo zithunzi za graduation ya mtsikana wathu uja simunatumizebe mpaka pano.

Ndine wanu,
mnzanu wa ku Charlotte