Kalata kwa bwenzi: mmene makorps a asilikali a Germany anapangidwira

Achimwene okondedwa,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi alamu ndi ana kumeneko. Ife kuno tadzuka bwino, ndipo kalata yanu inafika. Mwandipempha kuti ndikufotokozereni chimene chili kuseri kwa manambala achiroma amene mabuku a nkhondo za ku Ulaya amakonda kutchula, monga III Korps kapena XIX Korps, popeza olemba ake amangowaponya ngati kuti aliyense akuwadziwa. Mfundo imene ndikufuna muigwire ndi yakuti kwa zaka zoposa 100, korps ya Chijeremani inali zinthu ziwiri pa nthawi imodzi, gulu lalikulu la asilikali komanso chigawo cha dziko chokhala ndi malire, likulu ndi anyamata akeake, ndipo mphamvu zake pamodzi ndi kuopsa kwake zinachokera pa kulumikizana kumeneku.

Nzeru yogawa khamu la nkhondo m'magulu oti lililonse lizitha kudziimira palokha, lili ndi asilikali oyenda pansi, okwera pa akavalo ndi mizinga yake, anaikhwimitsa ndi Napoleon wa ku France. A Prussia, ufumu wina wa Ajeremani, anaiphunzira mowawa atagonjetsedwa ku Jena ndi ku Auerstedt pa 14 Okotobala 1806, ndipo akuluakulu monga Scharnhorst, Gneisenau ndi Boyen anayamba kukonzanso usilikali wonse. Lamulo la 1814 linakakamiza mwamuna aliyense wamphamvu zake kutumikira, ndipo pofika 1815 Blücher, mkulu wa asilikali a Prussia, anapita ku nkhondo ya ku Belgium ndi makorps anayi otsogozedwa ndi Zieten, Pirch, Thielmann ndi Bülow. Pa tsiku la Waterloo, Thielmann anatsala ku Wavre akuchedwetsa Afalansa a Grouchy, pamene Bülow anadutsa m'matope nakagwera Napoleon cha kumbali, pa mudzi wa Plancenoit.

Chimene a Prussia anawonjezera pa nzeru ya Napoleon chinabwera nkhondo itatha. M'malo mothetsa makorps aja, anawapatsa malo okhazikika, korps iliyonse m'chigawo chake: yoyamba ku Königsberg, yachiwiri ya anthu a ku Pomerania, yachitatu ya ku Brandenburg, yachinayi ya ku Saxony ya Prussia, ndipo zotsalazo ku Posen, Breslau, Münster ndi Koblenz. Panali gulu limodzi lokha lopanda chigawo, lomwe ndi asilikali olondera mfumu ku Berlin ndi Potsdam, amene ankasankha anyamata ataliatali kuchokera ku zigawo zonse. Kwa ena onsewo chigawo chinali ngati nkhokwe ya pakhomo, imene korps inkatapamo anthu chaka ndi chaka. Mnyamata wa pamudzi ankalembedwa m'rejimenti ya m'tauni yapafupi, ankagona m'nyumba za asilikali ndi anzake olankhula mofanana naye, ndipo akamaliza nthawi yake ankabwerera kumunda dzina lake likadali m'kaundula wa ofesi ya usilikali ya m'boma lake. Kuyambira 1893 woyenda pansi ankatumikira zaka ziwiri ndipo wokwera pa kavalo zitatu, koma ankakhalabe woti akhoza kuitanidwa mpaka atakwanitsa zaka 45.

Mkati mwa korps munali ndondomeko yosavuta kuikumbukira. Munali madivishoni awiri. Divishoni iliyonse inali ndi mabrigedi awiri a oyenda pansi. Brigedi inali ndi marejimenti awiri, ndipo rejimenti inali ndi mabataliyoni atatu, kotero kuti korps yonse inali ndi mabataliyoni 24, osawerengera akavalo, omanga milatho, achipatala ndi a ngolo za katundu. Mu 1914 korps yokonzekera nkhondo inali ndi amuna oposa 40,000 ndi mizinga 160, ndipo 16 mwa iyo inali ikuluikulu yoponya zipolopolo mokweza kuti zikagwere kuseri kwa malinga. Kukula kumeneku kunalamulidwa ndi msewu. Anthu ndi akavalo ochuluka chotere akandandalikana mumsewu umodzi, mzere wa omenya nkhondo okha unkatalika pafupifupi ulendo wa tsiku lathunthu, ndiye kuti gulu likanakula kuposa pamenepo, akumbuyo sakanafika pabwalo la nkhondo dzuwa lisanalowe. N'chifukwa chake Moltke wamkulu, wokonza mapulani a nkhondo a Prussia, ankayendetsa makorps m'misewu yosiyanasiyana n'kuwakumanitsa pa tsiku la nkhondo, monga anachitira ku Königgrätz pa 3 Julayi 1866.

Kuyenda motalikirana kotere kunafuna atsogoleri otha kuganiza okha, ndipo chitsanzo chimene ine ndimachiona chomveka koposa ndi cha ku Mars-la-Tour pa 16 Ogasiti 1870. Constantin von Alvensleben, akutsogolera III Korps ya anyamata a ku Brandenburg, anaganiza kuti akuthamangitsa mchira wa gulu la Afalansa lothawa ku Metz, koma atakwera pachitunda anapeza kuti waima pamaso pa khamu lonse la Afalansa lotsogozedwa ndi Bazaine. Sanabwerere. Anapitiriza kuwaputa kuti adaniwo aziyesa kuti kumbuyo kwake kuli anthu ambiri, ndipo mzere wake utayamba kugwedezeka anatumiza asilikali okwera pa akavalo a Bredow kukagwera mizinga ya Afalansa, pafupifupi theka la iwo osabwerako, mpaka X Korps inafika madzulo. Msewu wa ku Verdun unatsekeka tsiku limenelo. Komabe musatengeke ndi nkhani zotamanda zokha, chifukwa patangopita masiku awiri, ku Saint-Privat, kudzidalira komweko kunachititsa kuti asilikali olondera mfumu atumizidwe pabwalo lopanda pobisala mizinga isanawakonzere njira, ndipo pafupifupi 8,000 anafa kapena kuvulala.

Dziko litakula, manambala nawo anakula. Madera amene Prussia inalanda mu 1866 anabala makorps a Schleswig-Holstein, Hannover ndi Kassel. Saxony inatenga nambala XII, Württemberg XIII, Baden XIV, ndipo Strasbourg, imene inalandidwa kwa France mu 1871, inakhala likulu la XV. Bavaria inakana kulowa pa mndandandawu, ndipo makorps ake atatu a ku Munich, Würzburg ndi Nuremberg anali ndi manambala awoawo pansi pa mfumu ya Bavaria nthawi ya mtendere. Awiri omaliza, XX ku Allenstein ndi XXI ku Saarbrücken, anakhazikitsidwa mu 1912, ndipo onse pamodzi anakwana 25.

Phindu la dongosololi linaonekera m'masiku oyamba a Ogasiti 1914, nkhondo yoyamba ya dziko lonse ikuyamba. Zikalata zoitana anthu zitamatidwa pa zipupa, mlimi kapena wa m'fakitale sankafunsa kuti apite kuti, chifukwa pepala lake la usilikali linali litamuuza kale tsiku ndi malo. Ankafika pa nyumba za rejimenti yake n'kupeza yunifolomu yotuwa, nsapato ndi mfuti zikumudikira m'sitolo, nambala ya rejimenti itasokedwa pa mapewa. Korps imodzi inkafuna sitima za pamtunda pafupifupi 140 kuti inyamuke yonse, ndipo pa mlatho wa Hohenzollern ku Cologne sitima zinkawoloka mtsinje wa Rhine pafupifupi mphindi khumi zilizonse, usana ndi usiku. Zigawo zomwezo zinatulutsanso makorps ena a amuna amene anali atamaliza kale nthawi yawo, ndipo akuluakulu a Germany anawaika pamzere wakutsogolo kuyambira tsiku loyamba, chinthu chimene Afalansa sankachiyembekezera.

Tsopano tibwere ku mbali imene mabuku okonda mapu a nkhondo amaidumpha. Mtsogoleri wa korps sankayankha kwa nduna ya za nkhondo pa nkhani za ulamuliro, ndipo sankayankhanso ku nyumba ya malamulo. Anali ndi ufulu wolankhula ndi Kaiser, mfumu yaikulu ya Germany, mwachindunji, ndipo m'chigawo chake ankalemekezedwa kuposa akuluakulu a boma. Zotsatira zake zinaoneka ku Zabern, tauni ya ku Alsace m'chigawo cha XV Korps, kumapeto kwa 1913. Msilikali wachinyamata waudindo, dzina lake von Forstner, atanyoza anthu a kumeneko ndipo anthuwo n'kuyamba kuchita zionetsero, Colonel von Reuter anagwira anthu wamba mumsewu n'kuwatsekera usiku wonse m'chipinda cha pansi pa nyumba ya asilikali. Nyumba ya malamulo inadzudzula nduna yaikulu, Bethmann Hollweg, ndi mavoti 293 kwa 54, koma iye sanachoke pampando, ndipo khoti la asilikali linamasula von Reuter. Nkhondo itayamba, mphamvu zimenezi zinakulirakulira. Mtsogoleri weniweni akapita kunkhondo ndi korps yake, kulikulu kunkatsala womuimirira, kawirikawiri jenerale wokalamba woitanidwa atapuma kale pantchito, ndipo potengera lamulo la Prussia la 1851 anthu amenewa analandira ulamuliro pa apolisi ndi maofesi a boma. Ankayang'anira zolembedwa m'nyuzipepala, ankaletsa misonkhano, ankatsekera anthu popanda kuwazenga mlandu, ngakhale mitengo ya zakudya ankailowerera, aliyense m'njira yake, moti chololedwa ku Münster chikhoza kukhala mlandu ku Kassel. Kwa ine, apa ndi pamene dongosolo lokonzedwa bwino lija linasanduka mtolo pa anthu a Germany eni ake.

Mwina mungafunse ngati Ajeremani amene anamenyana ndi asilikali a King's African Rifles ku Karonga pa 9 Sepitembala 1914 anali a korps ina yake. Sanali. Gulu la Schutztruppe, asilikali a atsamunda a ku German East Africa (kumene mbali yake yaikulu lero ndi Tanzania), linali pansi pa ofesi ya atsamunda ku Berlin, ndipo nkhondo ikuyamba linali ndi makampani 14 a askari pafupifupi 2,500 pansi pa Lettow-Vorbeck, odalira amtengatenga m'malo mwa njanji ndi ngolo. Gulu lonselo silikanakwana ngakhale rejimenti imodzi ya korps ya kwawo, ngakhale kuti mavuto amene nkhondo yake inagwetsera anthu a mbali zathu zino anali aakulu zedi.

Nkhondo ya m'ngalande ndi imene inayamba kudula chingwe cha pakati pa korps ndi chigawo chake. Madivishoni ankatha msanga ku Verdun ndi ku Somme mu 1916, kotero ankachotsedwa pamzere n'kulowetsapo ena ochokera kwina kulikonse, pamene likulu la korps linkatsala pamalo pomwepo chifukwa ndi limene linkadziwa mizinga, misewu ndi mawaya a lamya a pamenepo. Posakhalitsa malikulu ambiri anayamba kutchulidwa ndi dzina la malo amene ankateteza, ndipo anakhazikitsanso malikulu ena a manambala oyambira 51 amene analibiretu asilikali awoawo. Pangano la Versailles la 1919 linachepetsa asilikali kufika pa 100,000, madivishoni 7 a oyenda pansi ndi 3 a akavalo, ndipo linalola malikulu awiri okha a msinkhu wa korps, amene anaikidwa ku Berlin ndi ku Kassel. Koma zigawo zija zinapulumuka m'dzina latsopano la Wehrkreis, zisanu ndi ziwiri, ndipo Hitler atalengeza pa 16 Malichi 1935 kuti usilikali wokakamiza wabwerera ndi makorps 12 ndi madivishoni 36, mafupa ake anawapeza alipo kale.

Mukaona mndandanda wa zigawo za nthawi ya Hitler mudzapeza kuti manambala XIV, XV ndi XVI mulibe, chifukwa anaperekedwa kwa makorps a magalimoto ndi akasinja amene sanamangiriridwe ku dera lililonse. XIX Korps ya Guderian inali ya mtundu womwewo: ndi madivishoni atatu a akasinja inawoloka mtsinje wa Meuse ku Sedan pa 13 Meyi 1940, ndipo pa 20 Meyi inali itafika kunyanja pafupi ndi Abbeville. Malikulu omwewa, aluso chotere pa mapu, ndiwo anapititsanso kwa madivishoni lamulo la Juni 1941 lopha akuluakulu a ndale a m'gulu la nkhondo la Soviet Union akagwidwa, n'kumalandira malipoti a ophedwawo monga nkhani ya tsiku ndi tsiku. Wowerenga mbiri ya makorps asamaiwale mapepala amenewa. Kumudzi nako omuimirira aja analipobe, akusonkhanitsa ndi kuphunzitsa olowa m'malo mwa akufa, ndipo Colonel Stauffenberg ndi anzake anadalira iwowa pa 20 Julayi 1944 atayesa kupha Hitler ndi bomba, potumiza malamulo ku malikulu a Wehrkreis kuti alande ulamuliro kwa chipani cha Nazi. Ku Vienna malamulowo anatsatidwa kwa maola ochepa, koma ku Berlin Jenerale von Kortzfleisch anakana, ndipo wailesi italengeza kuti Hitler ali moyo ambiri anangokhala chete kudikira.

Asilikali a West Germany atakhazikitsidwa mu 1955, makorps atatu anaikidwa ku Münster, Ulm ndi Koblenz, koma m'njira yosiyana ndi yakale. Mtsogoleri wa korps analibenso chigawo choti azilamulira, popeza ntchito za m'dziko zinapatulidwa n'kupatsidwa nthambi ina. Nthawi ya mtendere ankamvera nduna ya chitetezo, munthu wamba woyankha ku nyumba ya malamulo, ndipo nkhondo ikanabuka akanalowa pansi pa malikulu a NATO, atafola pamzere umodzi ndi makorps a Britain, America, Belgium ndi Netherlands. Germany itagwirizananso mu 1990, makorps a dziko limodzi anathetsedwa pang'onopang'ono, ndipo amene alipo lero ndi ophatikiza mayiko. Ku Münster kuli likulu la Germany ndi Netherlands kuyambira 1995, ku Strasbourg kuli Eurocorps imene inayamba ndi France ndi Germany, ndipo kuyambira 1999 Germany, Denmark ndi Poland ali ndi likulu limodzi ku Szczecin, mzinda wa Poland umene kale, ukutchedwa Stettin, unali likulu la II Korps ya Prussia. Usilikali wokakamiza unaimitsidwa mu 2011.

Ngati mungafune, m'kalata yotsatira ndidzakulemberani za nkhondo ya ku Tannenberg ya 1914, kumene Hermann von François, mtsogoleri wa I Korps, ankachedwetsa dala malamulo a mkulu wake Ludendorff mpaka mizinga yake itatsika m'sitima. Mundiperekere moni kwa alamu ndi ana onse.

Ndine bwenzi lanu la nthawi zonse.