Nyanja ya Chilwa ikuphedwa kuchokera kumapiri

A Mkonzi,

Ndiloleni ndidandaule za nyanja ya Chilwa, yomwe ambirife timaikumbukira pokhapokha matemba akakwera mtengo pamsika.

Amene anafikapo pa doko la Kachulu m'bandakucha akudziwa kukongola kwake. Mabwato amatulukira m'timipata ta njedza, msodzi ataimirira kumbuyo n'kumakankha ndi nsungwi, poti madzi ake ndi osaya. Akakowa amachita kuyeretsa dambo lonse. Mkati mwenimwenimo muli zimbowera, tinyumba toyandama momwe asodzi amagona milungumilungu akusaka makumba ndi milamba. Mpunga wa ku Domasi ndi ku Likangala umamwa madzi opita m'dambo lomweli. Nchifukwa chake malowa anali oyamba m'Malawi muno kulembedwa pa mgwirizano wa Ramsar woteteza madambo.

Chilwa ilibe mtsinje wotulutsa madzi. Imangolandira zomwe mitsinje ya Domasi, Likangala, Thondwe, Namadzi, Phalombe ndi Sombani yabweretsa, kaya ndi madzi kaya ndi matope. Inaphwa mu 1968 ndi mu 1995, ndipo mu 2018 mabwato anagonanso pa dothi long'aluka. Akuluakulu a kumeneko amati nyanjayi imapita n'kubwerera, ndipo sanama. Koma nsomba zinkabwerera chifukwa zinkabisala m'maiwe a m'mitsinje mpaka mvula itagwa. Nanga maiwewo akakwiririka ndi mchenga, mbewu ya nsomba idzachokera kuti?

Chimandiwawa ndi chakuti chala chimangolozedwa kwa msodzi. Inde, kukokolola tiana ta nsomba ndi neti ya udzudzu n'kulakwa, ndipo makomiti a m'madoko asamanyengerere. Komatu matope akudzaza nyanjayi akutsika m'mapiri a Zomba, Malosa ndi Chikala, komwe mitengo yathera m'mauvuni a makala. Matumba amene amatsetsereka panjinga usiku timagula ndife a m'tauni. Ena akulima mpaka m'mphepete mwenimweni mwa mtsinje, osasiyako ndi bango lomwe. Mayi wowamba nsomba pa chilumba cha Chisi sanadulepo mtengo wa ku Malosa, koma ndiye amayamba kugona ndi njala.

Ndikupempha makhonsolo a Zomba, Machinga ndi Phalombe kuti akhale pansi pamodzi ndi a zankhalango, a zausodzi komanso mafumu a kumtunda, nkhani ya Chilwa isamangokambidwa padoko pokha. Pokambiranapo musaiwale madzi akumwa a anthu a m'zimbowera, omwe kolera imawapeza akumwa madzi a m'nyanja momwemo.

Wokhudzidwa,
Zomba