Kalata kwa Mabvuto: za Asungansupa a ku Chilimadzi

Mnzanga Mabvuto,

Landira moni wochokera kuno ku Chipata. Ife tilipo, anzako a ku Kapata onse akukupatsa moni. Amayi ako ali bwino, akungodandaula kuti chifikireni ku Johannesburg foni umaimba mwa apo ndi apo.

Unafunsa kuti sewero langa la pa wailesi lija lafika pati. Dziko ndalipeka kale, dzina lake Chilimadzi. Ndi ufumu waukulu umene unameza mafuko ambiri. Mfumu yake inaona kuti anthu amamvera asing'anga, oombeza ula ndi oitana mvula kuposa nduna zake. Kuwapha kukanautsa mapiri pachigwa, ndiye inangowalemba ntchito. Tsopano onse ndi a boma, amatchedwa Asungansupa. Aliyense amalandira nsupa yokhala ndi chidindo cha mfumu ndi nambala kunsi kwake, ndipo tsiku lopuma pa ntchito amaibweza, kalaliki n'kuwerenga mikanda yake umodziumodzi. Wopezeka ndi nsupa yopanda chidindo, ameneyo ndiye mfiti, ngakhale mizu imene akukumba ndi yomweyo.

Maganizowa sindinawatole patali. Ukukumbukira zimene agogo ankatiuza za Makewana wa ku Msinja, kufupi ndi Lilongwe, mayi wa mvula amene sankameta tsitsi kuopa kudula mvula? Mu ufumu wa Maravi, a Phiri ankagwira mpando, koma za mvula ndi za kachisi zinali m'manja mwa a Banda. Kalonga ndi ukulu wake wonse sakanalamula mitambo, ankayenera kutumiza mphatso n'kupempha. Ndiye ine ndinadzifunsa kuti, bwanji mfumu ina itatopa n'kupempha, n'kumuika mayi ngati ameneyu pa malipiro a pamwezi? Mbali inayo ndinaitenga ku lamulo lathu la za ufiti, lija atsamunda anaika mu 1914 ndipo likugwirabe ntchito. Unamva za amuna awiri aja anagwidwa ku Lusaka mu December 2024 ali ndi bilimankhwe wamoyo, amene khoti linawapeza olakwa chaka chotsatira pa mlandu wofuna kulodza Pulezidenti Hichilema. Kwathu kuno boma limaletsa. Ku Chilimadzi boma limapereka laisensi.

Nthambi imene ikundiseketsa ndekha polemba ndi ya amtengatenga, aja ouluka pa lichero. Amanyamula makalata a mfumu usiku, ali chibadwire monga mwa mwambo, koma buku la ulendo lili m'khosi. Ayenera kulemba ola limene anyamuka ndi limene atera. Akauluka pamwamba pa mudzi wotsirika n'kugwa, m'mawa anthu akuwaunjirira, choyamba n'kudzaza fomu yofotokoza mmene lichero la boma lawonongekera, mtengo wake n'kuwadula pa malipiro. Mmodzi wa iwo ngongole za kaloba zamufika m'khosi, mpaka amabwereketsa lichero kwa ozembetsa mchere pa malire. Iwe wakulira pafupi ndi malire a Mwami, munthu wotere sindifunika kukufotokozera.

Koma mtima wa sewero uli ku nthambi ya mvula. Kumeneko kuli Nachisale, mayi wa zaka zapakati, waluso kuposa onse. Boma lili ndi lamulo loti Msungansupa asagwire ntchito kwawo, kuopa kuti angakondere abale ake, choncho limawasamutsa pafupipafupi. Vuto n'lakuti mizimu siisamuka. Ili kumanda a makolo, kumene munthu amathira nsembe ya ufa ndi mowa pansi pa mtengo wa msolo. Nachisale ali kudera lachilendo, akuitana mayina a makolo amene sakumudziwa, ndipo mphamvu zake zikuphwa chaka ndi chaka. Anzake onse zikuwachitikira zomwezo, koma palibe amene angaulule. Mvula ikagwa yokha amalemba lipoti kuti aigwetsa ndi iwo. Ikakana amalemba kuti anthu a m'deralo aswa miyambo. Kulikulu malipoti amaoneka bwino, nduna zimaombera m'manja, pamene kumidzi nkhokwe zilibe kanthu.

Ndiye tsiku lina kalata ikufika pa lichero. Chigawo cha kwawo kwa Nachisale sichinamalize msonkho, ndipo mfumu yalamula kuti mvula ya kumeneko imangidwe mpaka alipire. Poti wina aliyense sangathe, amene akutumidwa ndi iye. Kwa nthawi yoyamba akubwerera kumene mizimu imamumvera, mphamvu zake zonse zabwerera, koma ntchito imene wapatsidwa ndi youmitsa munda wa amayi ake.

Apa ndi pamene ndaima. Anyamata a gulu lathu la zisudzo akufuna aphwanye nsupa, atsogolere nkhondo, mfumu igwe. Ine zimenezo ndikuziona zophweka kwambiri. Nachisale ali ndi ana ku sukulu ya kulikulu, ndipo kwatsala pang'ono kuti alandire penshoni. Amene ndikumudziwa ine angamange mvula masana, mboni zikuona, usiku n'kuimasula, kenako n'kulemba lipoti lonena kuti nsupa ya boma ndi yakutha, ikufunika ina. Kodi omvera angakhutire ndi ngwazi yotere, kapena adzati ndi wamantha? Undiuze mosapsatira.

Chinanso, ndikufuna dzanja lako lojambula lija, tipeze chithunzi choika pa Facebook. Chonde usawaveke zipewa zosongoka ndi timitengo ta m'mafilimu. Ndikufuna yunifolomu ya khaki yochapidwa mpaka kuyera, litchowa m'dzanja, nsupa m'chiuno, nambala yake ikuoneka. Nachisale tsitsi lake likhale lalitali losapesa, koma ataliphimba ndi kapu ya boma imene ikukana kukhala pamutu.

Ngati ubwere ku Kulamba mu August monga unanenera, tidzapitire limodzi ku Mkaika, ndidzakuwerengere gawo loyamba tili m'basi. Usaiwale kuimbira amayi.

Ndine mnzako,
Yohane